Chakudya Chopanda Dzina cha Achemwali Anga

Anzanga amene mwaima pa bolodi pano manja ali m'khwapa, moni nonse. Ndikudziwa kuti ena mwabwera kudzaona ngati dzina lanu lili pa timu ya mpira, ena mukungobisala mphepo. Poti mwafika kale, tawerengani nkhani ya chakudya. Mwezi wa Juni ku Dedza kuno munthu amaganiza zinthu ziwiri basi: juzi ndi m'mimba.

Chakudya ndikufuna kukuuzanichi chilibe dzina. Theka lake ndi la ku Germany, theka linalo ndi la Aluya, ndipo chimadyedwa nthawi ya pakati pa kadzutsa ndi nkhomaliro, ija azungu amati brunch. Ife a CDSS brunch timaidziwa bwino, kungoti sitinkadziwa kuti ili ndi dzina. Munthu wadzuka 5 koloko, wayenda makilomita asanu ndi awiri osalawa kanthu, pa buleki ndi pamene ukugula chinangwa chokazinga kapena zitumbuwa ziwiri. Imeneyo ndi brunch, amwene. Kusiyana kwake n'kwakuti anzathuwo amachita kufuna.

Amene anandiphunzitsa ndi achemwali anga, oyamba kubadwa m'nyumba mwathu. Ali ku Berlin, akuphunzira unamwino, maphunziro a zaka zitatu omwe munthu amaphunzira uku akugwira ntchito m'nyumba yosamalira okalamba. Amakhala m'nyumba imodzi ndi atsikana awiri, aliyense chipinda chake koma khitchini ndi imodzi. Mmodzi ndi wa ku Germany komweko. Winayo kwawo ndi ku Syria, ndipo anafika ku Germany ndi makolo ake mu 2015 akadali kamtsikana, chaka chomwe anthu zikwi mazanamazana othawa nkhondo analowa m'dzikolo. Nkhondo ya kwawoyo inayamba mu 2011. Lero ku Berlin kuli msewu wina wotchedwa Sonnenallee, m'dera la Neukölln, womwe uli ndi mashopu ndi malo odyera ambiri a Aluya, zikwangwani zake za Chiarabu, moti achemwali akuti ukamayenda mumsewumo umaiwala kuti uli ku Ulaya.

Nyengo yawo yozizira ndi Disembala, Januwale ndi Febuluwale, pamene ife kuno tili pakalikiliki kupalira ndi kubandira. Mu Disembala dzuwa ku Berlin limatuluka 8 koloko itapitirira, n'kulowa 4 koloko isanakwane. Taganizani, ife tikuweruka pano, iwo ayatsa kale magetsi. Achemwali ankapita kuntchito kuli mdima n'kubwerera kuli mdima. Mauthenga awo a mawu a pa WhatsApp anayamba kufupika, mpaka anafika pongoti "ndili bwino, mupereke moni kwa amayi." Ndipo amayi akamva mawu amenewo ankangoti "chabwino," n'kupita kukakhala kuseri kwa khola la nkhuku ngati akuyang'ana kanthu. Ababa ankati, "Ndinanena ine kuti mwana ameneyu atayika."

Uthenga woyamba wautali unabwera mu Januwale, wa mphindi zisanu ndi zinayi, ndipo wonsewo unali wa mbatata. Ku Germany mashopu ambiri satsegula Lamlungu. Lamlungu limenelo kunja kunali chisanu choopsa, atatuwo anadzuka mochedwa, ndipo m'khitchini munali mbatata za kachewere zowiritsa dzulo lake, mazira, anyezi ndi tomato wa m'chitini. Mtsikana wa ku Germany anati aphike Bratkartoffeln, mbatata zoduladula zokazinga ndi anyezi, chakudya chomwe kwawoko aliyense anakula nacho. Vuto linali limodzi. Bratkartoffeln weniweni amaikamo tizidutswa ta nyama ya nkhumba yowamba, yomwe amaitcha Speck, ndipo mnzawo wa ku Syria ndi Msilamu. Wa ku Germany uja anati popanda nkhumba mbatatazo sizikoma. Wa ku Syria anati, "Kazinga mbatata zakozo, kukoma undisiyire ine." Anapanga shakshuka, msuzi wokhuthala wa tomato womwe amaswera mazira pamwamba, chakudya chochokera kumpoto kwa Africa, m'maiko ngati Tunisia, chomwe chinafalikira m'maiko ambiri a Aluya. Poti khitchini yawo ndi yaing'ono ndipo palibe ankafuna kutsuka mbale zambiri, anangothira msuziwo pamwamba pa mbatata m'chiwaya chimodzi.

Achemwali akuti atalawa anangoti kakasi. Mbatatazo zinawakumbutsa za pa chiwaya pa msika wa Lizulu, msuziwo unawakumbutsa mazira a tomato omwe amayi amaphikira alendo, koma fungo lake linali lachilendo. Kumapeto kwa uthengawo anati, "Iwe, kukazizira kumeneko udzawaphikire amayi. Ndikufuna alawe zomwe ndikudya kuno, asamaganize kuti ndikugona ndi njala."

Ndinadikira miyezi isanu kuti Juni afike.

Pakati apo ndinachita chidwi ndi mbatata yeniyeniyo, poti ife kuno timaiona ngati yathu. Bembeke, Lizulu, Tsangano, paliponse matumba a kachewere ali mbwee m'mbali mwa msewu. Anthu a ku Germany nawonso amaiona ngati yawo. Chikhalirecho kwawo kwa mbatata ndi kumapiri a Andes ku South America, ndipo tomato nayenso anachokera ku America konko. Mfumu ina ya ku Prussia, Frederick Wamkulu, inachita kulamula alimi mu 1756 kuti azilima mbatata pofuna kuthana ndi njala, chifukwa ambiri ankaikayikira. Mpaka lero anthu akapita kumanda ake ku Sanssouci, mumzinda wa Potsdam pafupi ndi Berlin, amasiyapo mbatata m'malo mwa maluwa. Inu a History mukudziwa kuti m'mabuku athu anthu a ku Germany timakumana nawo pa nkhondo ya ku Karonga mu 1914, ndipo Aluya timakumana nawo pa nkhani ya Jumbe ku Nkhotakota ndi Mlozi kumpoto, nkhani za minyanga ndi akapolo. Kuti tsiku lina ndidzawapeza onse awiri m'chiwaya chimodzi pakhomo pathu, sindinkaganizako.

Tsopano zophikira. Kachewere tili naye kudimba. Anyezi, tomato, adyo ndi tsabola wobiriwira zimapezeka pamsika. Paprika alimi ena amalima konkuno, ndipo wogayagaya amagulitsidwa m'timapaketi. Chovuta chinali cumin, timbewu tating'ono tabulauni tonga mpunga wowonda, tomwe ndi mwini wake wa fungo lonselo. Aluya amati kammun. Amalume anga, omwe ndi kondakitala wa minibasi ya Dedza ndi Lilongwe, anafunsa m'mashopu atatu osapeza, mpaka mwenye wina anawauza kuti iwo amati jeera. Anabwera ndi kapaketi kakang'ono n'kunena kuti, "Mphwanga, zinthu zimenezi zikununkha ngati thukuta la munthu wolima. Ukufuna kupha achemwali anga?" Sanali kunama kwenikweni. Cumin wosakazinga fungo lake ndi lokayikitsa. Akakumana ndi moto ndi pamene amasintha.

Koma nkhani yaikulu inali mazira. Pakhomo pathu pali nkhuku za Mikolongwe zisanu ndi zitatu, ndipo mazira ake sitidya. Amayi amakagulitsa kwa mayi wina wa tiyirumu, ndalama yake n'kugulira makope anga, zolembera, sopo ndi mabatire a tochi yowerengera usiku. Nyengo yozizira nkhukuzo zimaikira mwa apo ndi apo. Ine ndinkafuna mazira asanu ndi limodzi, tsiku limodzi, m'chiwaya chimodzi. Ndinaganiza kwa sabata yathunthu mmene ndingayambire nkhaniyi.

Ndinawapeza amayi akusankha nyemba pa lichero. Ndinakhala pansi pambali pawo n'kunena kuti, "Amayi, ndimapempha mazira asanu ndi limodzi a sabata ino. Kope la Biology ndilemba mpaka pachikuto, latsopano mudzagule mwezi wamawa." Anandiyang'ana nthawi yaitali. "Asanu ndi limodzi? Kuli ukwati?" Nditawauza kuti ndi zomwe anapempha achemwali, sanayankhe. Anangopitiriza kusankha nyemba. Loweruka madzulo ndinapeza mazirawo ali m'kambale pansi pa bedi langa, atavundikira ndi kansalu.

Ababa ndiye sanabise maganizo awo. "Mwana wamwamuna wa Fomu 3, mayeso ali pafupi, akulimbana ndi masefuliya? Mazira asanu ndi limodzi kuthera zinthu za pa foni?" Inu anyamata anzanga amene mukuseka pano, sekani, koma pa chiwaya cha pa siteji amene amakazinga tchipisi chomwe mumachipempha pa ngongole ndi amuna okhaokha, ndipo palibe amawafunsa.

Kaphikidwe kake kamayamba usiku, ndipo apa ndi pamene pagona chinsinsi. Mbatata, pafupifupi kilogalamu imodzi, kapena tinene zisanu ndi zitatu zapakatikati, mumazitsuka n'kuziwiritsa ndi makoko ake omwe m'madzi a mchere kwa mphindi ngati 20, mpaka mpeni uzilowa koma mbatata isanayambe kusweka. Zobiriwira pakhungu kapena zophuka kwambiri muzipatule, chifukwa zimakhala ndi poizoni wotchedwa solanine. Mukatsanula madzi, musiyeni kachewereyo agone usiku wonse. Mbatata yotentha ukaidula imanyenyeka n'kusanduka phala m'mafuta. Yogonetsa imalimba chifukwa sitachi yake yagwirana, ndiye imadulika bwino ngati ndalama zachitsulo. Ku Berlin amaika mufiriji. Ku Dedza mu Juni firiji ndi nyumba yonse.

Usiku womwewo mumakonzanso chambiko. Apa ndinaseka ndekha, chifukwa atsikana awiri aja akuti anakangana kuti mkaka wowawasa wokhuthala anayambitsa ndani. Anthu a ku Germany ali ndi wawo wotchedwa Quark, womwe amadyera mbatata zowiritsa. Aluya ali ndi labneh, yogati wosefa pa nsalu. Achemwali anangoti, "Ifenso tili nacho chambiko, mwatani kodi?" Ndinathira kamchere m'chambiko cha theka la lita, n'kuchikhuthulira pa nsalu yoyera yomwe ndinayamba ndaiwiritsa, n'kumanga pamwamba, n'kupachika pa msomali, kambale kali pansi kulandira madzi. Pofika m'mawa chinali chitakhuthala moti supuni inkaima yokha.

Lamlungu titabwera ku tchalitchi cha m'mawa, chifunga chikadali pa phiri, ndinakoleza mbaula. Chiwaya ndinabwereka kwa mnyamata wina wokazinga tchipisi yemwe Lamlungu sagwira ntchito. Ndinasenda mbatata zija n'kuzidula mozungulira, kukhuthala kwake ngati theka la sentimita. Mafuta sachita kusambiramo ngati a tchipisi ayi, masupuni anayi kapena asanu akwanira. Akatentha mumayala mbatatazo, chilichonse chigone chokha pa chitsulo, kenako mumachita chinthu chovuta kwambiri kwa Mmalawi aliyense wogwira mthiko: osatakasa. Dzanja limayabwa, koma zisiyeni mphindi zinayi kapena zisanu mpaka kunsi kufiire, ndiye muzitembenuza. Anyezi amalowa mochedwa, mbatata zitatsala pang'ono kupsa. Akalowa msanga amapserera n'kuwawitsa zonse. Malangizo amenewa ndi a mtsikana wa ku Germany uja, ndipo achemwali akuti amawanena nkhope ili gwaa ngati akuwerenga malamulo a sukulu pa asembule.

Mbatata zikapsa mumaziphula n'kuika pambali. M'chiwaya chomwecho mumakazinga anyezi wina mmodzi ndi tsabola wobiriwira mpaka zifewe, kenako adyo wosinja. Tsopano cumin: supuni yaing'ono imodzi ndi theka, nditayamba ndamukazinga pouma kamphindi n'kumusinja mu kamtondo ka nsinjiro. Atangogwera m'mafuta fungo linabuka pabwalo ponse. Agogo, omwe ankaothera dzuwa pakhonde atafunda zitenje ziwiri, anadzutsa mutu n'kufunsa kuti, "Kodi akuotcha mankhwala ndani?" Paprika supuni imodzi, kambuzi mmodzi yekha poganizira agogowo, kenako tomato wakupsa bwino zisanu ndi zitatu wodula timating'ono, mchere, ndi kashuga kotsina ndi zala kuti kachepetse kuwawasa. Msuziwu sufuna madzi. Uwire pang'onopang'ono mphindi 15 kapena 20 mpaka ukakoka mthiko pakati njira izitsala osatsekeka msanga.

Kenako mumabwezeramo mbatata, zina zimire, zina zitsale pamwamba kuti zisataye kukhukhutika kwake. Ndi kumbuyo kwa supuni mumakumba maenje asanu ndi limodzi ngati mukufuna kubzala chimanga, dzenje lililonse dzira lake. Dzira muyambe mwaswera m'kapu, chifukwa limodzi lovunda likhoza kuononga chiwaya chonse, ndipo ine ndinalibe lachisanu ndi chiwiri. Pa mbaula palibe kabatani kochepetsera moto, ndiye ndinachotsa makala ena n'kuwaika pamwamba pa chivundikiro, mmene amayi amachitira pophika chigumu. Moto wa pamwambawu umaphika choyera cha dzira pamene pansi sipakupserera. Aluya ndi azungu amakonda yolika yamadzimadzi, yoti ukaboola iziyenderera pa mbatata. Kwathu dzira lotero palibe angalikhudze, ndipo kwa agogo ndi ana aang'ono ndi bwinodi lipse ndithu. Ndinawerenga mphindi zisanu ndi zitatu.

Chinthu chimodzi chinatikomera. Miyezi ino nthawi ya ku Germany ndi ya kuno n'chimodzimodzi, chifukwa iwo amasuntha mawotchi awo ndi ola limodzi kumapeto kwa Malichi n'kudzawabweza kumapeto kwa Okutobala. Tinapangana 11 koloko. Ndinali nditasunga bandulo ya intaneti sabata yonse osatsegula Facebook ngakhale kamodzi, ndipo amene mumandidziwa mukudziwa kuti kumeneko kunali kusala kwenikweni. Foni ndinaitsamiritsa ku mtondo. Achemwali anaonekera ali m'khitchini yawo atavala kamalaya kopanda manja, chifukwa kwawoko pano ndi chilimwe ndipo dzuwa likumalowa 9 koloko itapitirira. Ife tili m'majuzi ndi zipewa. Patebulo pawo panali chiwaya cha chakudya chomwechi. Anaphika chakudya cha nyengo yozizira kunja kukutentha, kuti tidyere limodzi.

Ndinaika chiwaya pakati pa mphasa, chambiko chija ndachidontheza pamwamba, buledi wodula ali pambali. Amayi anasamba m'manja, anatenga kachidutswa ka mbatata, anasunsa mumsuzi, analawa. Anatafuna pang'onopang'ono akuyang'ana foni. "Ndiye zimenezi ndi zomwe ukudya kumeneko?" Achemwali anati, "Eya amayi, Lamlungu lililonse likakhala lozizira." Amayi anati, "Nchifukwa chake masaya atuluka." Ndipo anaseka, kuseka kwenikweni kofika m'mimba, komwe sitinakumve chichokereni achemwali pa bwalo la ndege la Kamuzu.

Kenako pa foni panaonekera mtsikana wa ku Syria uja, atafunda mpango kumutu. Anati "Muli bwanji amayi" m'Chichewa chokhota chomwe achemwali anamuphunzitsa. Amayi anamuonetsa chidutswa chomwe chinali m'manja mwawo n'kunena kuti, "Mbatata yakoma, mwanangu." Mtsikanayo anatong'ola maso. "Batata?" Pa Chiarabu cha kwawo mbatata amati batata. Mawuwa ndi amodzi, anayenda ndi amalinyero a Chipwitikizi ndi Chisipanishi kuchokera ku America, ena n'kukatsikira kwa Aluya, ena n'kufika kuno. Ndiye awiriwa, wina sadziwa Chichewa, wina sadziwa Chiarabu kapena Chijeremani, anakhala akubwerezabwereza "mbatata, batata" uku akuseka ngati ana a sitandade 1. Wa ku Germany anafuula ali chakumbuyo kuti "Kartoffel!" koma palibe anamulabadira. Amayi anauza achemwali kuti amufunse mtsikanayo ngati amayi ake ali moyo. Ali moyo, amakhala mumzinda wina ku Germany komweko, koma agogo ake anatsala ku Syria ndipo sanaonane nawo chiyambire 2015. Amayi anangoti "Iii, mwana wa eni," n'kukhala chete kanthawi. Bandulo inathera pomwepo.

Agogo anadya dzira lawo lonse ndi mbatata zofewa za pansi, koma anagamula kuti zimenezi ndi ndiwo zokhazokha ndipo azungu ndi anthu omvetsa chisoni. Ababa anakhala chapatali pa mpando wawo, anadya gawo lawo osanena kanthu, anapukuta mbale ndi buledi, kenako anafunsa amayi kuti nsima ipsa nthawi yanji. Mpaka lero iwo akuti chakudyachi chikanakoma chikanakhala ndi nsima pambali, ndipo ine ndikuti mbatata ndiye nsima yake. Mlanduwu sunagamulidwe. Kunena zoona, msuzi wa tomato wa cumin ndi mazira ukhoza kutsetsereka bwino ndi nsima ya mgaiwa, koma zimenezi musakawauze.

Kope la Biology ndikulemba pachikuto monga ndinalonjeza, ndiye madamu akaona manotsi a photosynthesis atapanikizana pamwamba pa tebulo la kuchulukitsa asadabwe. Cumin watsala wokwana kuphika kawiri. Kamodzi ndi ka amayi, omwe anena kale kuti ulendo uno aphika okha ndipo kambuzi aikamo atatu. Kachiwiriko ndi ka inu. Loweruka loyamba tikatsekera temu ino, aliyense wofuna kulawa abwere ndi dzira lake limodzi ndi tomato ziwiri. Kachewere, makala ndi chiwaya ndi za ine. Anthu asapitirire asanu ndi atatu chifukwa chiwayacho maenje ake amathera pomwepo. Lembani dzina ndi pensulo m'munsi mwa pepala lino, ndipo amene alibe dzira abwere ndi buledi.